Tsiku Limene Anawaletsa Kugwa

M'mawa uliwonse, madzi a tiyi asanawire, amalume anga a Kwong Muk-sang amakhala pa kampando ka pulasitiki pafupi ndi zenera n'kuyamba kudzola mankhwala awo a mafupa. Ndi mowa wakuda wonyikamo mizu, amausunga m'chibotolo kunsi kwa bedi, ndipo fungo lake limakafika mpaka pachikepe. Sadzola mwachisawawa ayi. Amayambira pa bondo lamanzere, lomwe ndi la 1974, kenaka phewa la 1979, msana wa 1983, n'kumalizira pa kakolo wa 1991. Chiwalo chilichonse amachitchula ndi chaka chimene chinavulala ngati akuitana ana. Ana enieni alibe. Amayi anga, omwe ndi mlongo wawo wamng'ono, amati akazi onse amene anawafunako anathawa chibotolocho.

Timakhala atatu m'nyumba ya boma ku Wong Tai Sin, pamwamba penipeni. Ine ndimagulitsa buledi pasitolo ya pansi, amayi amasita zovala za anthu, amalume ndi munthu wa m'mafilimu. Mukatero anthu amakweza maso n'kufunsa kuti filimu iti. Yankho loona ndi lakuti pafupifupi onse, koma kuti muwaone muyenera kusaphethira.

Agogo anawapereka kusukulu ya zisudzo zoimba ali ndi zaka zisanu ndi zinayi. Kumeneko anaphunzira kuima ndi manja miyendo ili m'mwamba, kutembenuka m'malere, ndi kuthokoza aphunzitsi akamaliza kuwakwapula. Pofika zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri zisudzozo zinali zitatha fasho, ndipo eni mafilimu a nkhonya ankatola anyamata odziwa kudumpha ngati akutola ngumbi. Ena mwa anzawo anasanduka ngwazi, nkhope zawo zili pamakoma mpaka lero. Amalume nawo anakaima pamzere. Mkulu wosankha anthu anawayang'ana kumaso nthawi yaitali, n'kunena kuti nkhope yoteroyo ndi mphatso, aliyense woiona afuna kuiponda.

Kuyambira tsikulo ntchito yawo yakhala kugwa. Agwapo kuchokera padenga, pa hatchi, pa masitepe a nyumba ya tiyi, m'chitsime, ndi m'mphika wa utoto. Aphedwapo ndi lupanga, mkondo, ambulera, timitengo todyera, ndipo kamodzi ndi nsomba youma. Pali filimu ina imene anafa katatu: koyamba opanda ndevu, kachiwiri ndi ndevu, kachitatu atavala diresi atafulatira. Pamndandanda wa maina, pamene anthu amakhala akufufuza nsapato zawo kuti azituluka, amalembedwa kuti chigawenga chachitatu. Anzawo amawatcha Thumba la Mpunga chifukwa cha phokoso limene amachita akafika pansi. Mawu amene analankhulapo m'zaka makumi anayi ndi zisanu ndi chimodzi ndi akuti "Bwana, wabwera," ndipo ngakhale amenewo anawaika m'mawu a munthu wina.

Mwambo wa ntchitoyi ndi wakuti munthu akafa pakamera amapatsidwa kaenvulopu kofiira kochotsera tsoka, ndipo zam'katimo ayenera kugulira chotsekemera n'kudya asanalowe m'nyumba. Amalume sanaphonyepo. Amayi amati imfa sinawachite kanthu achimwene, koma inawathera mano.

Musaganize kuti amadziona ngati munthu wapansi. Akamwa tiyi wachiwiri amayamba kuphunzitsa, ndipo wophunzira ndimakhala ine chifukwa amayi amayatsa wailesi. Amati nkhonya ya ngwazi ndi mphepo chabe, imaima patsala chala chimodzi kuti ikukhudze. Amene amaipatsa mphamvu ndi wogwayo. Ukafulumira kugwa, filimu yasanduka nthabwala. Ukachedwa, ngwazi yaoneka yofooka. Koma kusagwa kumene ndiye kutukwana, kumuvula munthu pamaso pa gulu lonse. Amakonda kusimba za mnzawo wina amene anangodzandira pang'ono m'malo mogwa, tsiku limene ngwazi inali itabwera ndi chibwenzi chake kudzaonerera. Munthuyo sanaitanidwenso, anakalamba akuyendetsa minibasi ya ku Kwun Tong. Amalume amasimba nkhaniyi motsitsa mawu ngati akunena za munthu amene anadyedwa ndi nsomba.

Zaka zaposachedwazi ntchito inachepa. Mafilimu akuluakulu anasamukira kumtunda, kutsidya kwa malire, ndipo kugwa kuchokera padenga anayamba kukuchita ndi kompyuta, imene siidya nkhomaliro. Amalume anapeza ntchito yaulonda pamalo oimika magalimoto, n'kumafa mwa apo ndi apo pa wailesi ya kanema, Loweruka lokha.

Ndiye chaka chatha, mwezi wa Okutobala, kunabwera foni. Woimba anali a Ngai, mnyamata wotsogolera kujambula filimu, amene anaphunzira kunja ndipo amavala chipewa ngakhale m'nyumba. Anati anakula akuonera matepi akale a bambo ake, ndipo nthawi zonse maso ake ankakhala pa munthu wachitatu kuchokera kumanzere. Anati palibe amene amafa mokoma ngati iwo. Amalume anathokoza n'kufunsa kuti ulendo uno agwera kuti. A Ngai anati sagwera kulikonse. Akhala mphunzitsi wokalamba wogulitsa mankhwala azitsamba. Ngwazi yachinyamata idzabwera yodzitukumula, idzawamenya nkhonya pachifuwa ndi mphamvu zake zonse, iwo osasuntha ngakhale chala. Kamera idzayandikira mpaka nkhope yawo idzaze chinsalu chonse, ndipo adzanena ndi mawu awoawo kuti, "Wamaliza? Tiyi akuzizira." Dzina lawo lidzalembedwa koyambirira, anthu akadali pamipando.

Kwa masabata atatu m'nyumba mwathu tiyi ankazizira maulendo makumi asanu patsiku. Ankazizira m'bafa, ankazizira pakhonde, ankazizira mokalipa, mwachifundo, ndi monong'ona. Za kuima sanayesereko n'kamodzi komwe.

"Achimwene, nanga kuimako mwakonzekera?" anafunsa amayi tsiku lina akusita.

"Kuima ndi ntchito? Ngakhale mtengo wa magetsi umaitha. Iwe sita malaya a eni ake."

Tsiku loyamba kujambula amawotcha lubani ndi kudula nkhumba yootcha kuti zinthu ziyende bwino. Zaka zonsezi amalume ankadikira kumbuyo kuti alandire kachidutswa ka khutu. Ulendo uno anaitanidwa kudzagwira mpeni pamodzi ndi akuluakulu. Chithunzi chake chili pakhoma kwathu. Ali wachitatu kuchokera kumanzere.

Tsiku la nkhonyalo anandiuza kuti ndipemphe tchuthi kusitolo, ati pakhale wa m'banja woona ndi maso, chifukwa amayi akamva kwa iwo sakhulupirira. Ankajambulira ku Sai Kung, pabwalo la kamudzi kosiyidwa kuseri kwa phiri. Anawaveka mkanjo wautali wotuwa ndi ndevu zomata. Ndinawaona akuwongola mkanjowo kawirikawiri ndi zikhato, ndipo sanakhale pansi kuopa makwinya.

Ngwazi inali Fong Ka-long, woimba wa zaka makumi awiri ndi ziwiri, amene nkhope yake ili pamabasi akutsatsa mafuta a kumaso. Ndi mwana waulemu, anawagwadira pang'ono amalume n'kuwatcha agogo. Kumbuyo kwake kunali mayi Yau, omuyang'anira pa zonse, atamugwirira ambulera kuti dzuwa lisamuwonongere malonda. Wokonza ndewu anali a Dang Sek-lam, amene anagona mphasa imodzi ndi amalume kusukulu ya zisudzo ndipo akhala akutukwanana kuyambira nthawi imeneyo.

Anayamba cha m'ma wani koloko. Ka-long anathamanga, anakuwa, anaponya nkhonya, ndipo inaima patsala chala chimodzi monga anamuphunzitsira. Amalume anauluka. Anapita chagada, anadutsa pamwamba pa benchi, anatembenuka m'malere ndevu zili pepepe, n'kukaswa mtsuko wa madzi ndi msana. Anyamata a magetsi anawomba m'manja osafuna. A Ngai anavula chipewa kwa nthawi yoyamba, n'kunena kuti sanaonepo chinthu chokongola chotero, koma mwina bambo Kwong aiwala pang'ono nkhani ya filimuyi.

Amalume anadzuka akuseka, anati anangofuna kuwongola mafupa. Anaumitsa mkanjo ndi makina oumitsira tsitsi, anabweretsa mtsuko wina.

Kachiwiri amalume anagwada. Kachitatu anaima kwa mphindi yopuma kamodzi, kenaka thupi linazungulira lokha ngati chitseko n'kukagona chammbali. Kachinayi anatseka maso kuti asaione nkhonyayo, koma anamva mphepo yake, basi zinakwana. Kachisanu ndi chiwiri palibe amene ankawombanso m'manja.

"Thumba, ndikukhomere pansi?" anatero a Dang.

"Khoma pakamwa pakopo."

"Zaka makumi asanu ndikukuuza kuti mutu wako uli m'matako, lero ndiye waonetsa anthu."

Anakhomadi. Anatenga thabwa, anakhomerapo nsapato za amalume ndi misomali inayi, n'kukwirira thabwalo ndi dothi. Ka-long anaponya nkhonya yake yamphepo ija. Nsapato zinatsala zitaima bwinobwino pamalo pake, zikuchita ntchito imene mwini wake analembedwera, iye ali gone uko ndi masokosi.

Pamenepo a Ngai anayang'ana kuphiri. Anawaitanira pambali amalume, koma pabwalo laling'ono ngati lija pambali palibe, tonse tinamva. Anati dzuwa likabisala kuseri kwa phiri cha m'ma faifi, bwaloli sadzalipezanso, eni ake anangowapatsa tsiku limodzi. Ngati bambo Kwong sanaime pofika nthawiyo, mkanjo auvala a Dang, msinkhu ndi womwewo. Ananena mwaulemu kwambiri, akuwagwira pamkono. Ndinayang'ana a Dang. Anali akuyang'ana mkanjowo kuyambira kukhosi mpaka kumapazi ngati telala.

A Ngai anapereka mphindi makumi awiri zopuma. Amalume anakakhala pamwala kuseri kwa khoma, makwinya osawasamalanso. Ndinawapititsira bokosi lawo la mpunga ndi nyama ya bakha, sanalitsegule. Ndevu zinali zitamatuka mbali imodzi. Ndinawamatira ndevuzo ndi chala.

"Si kuti sindikufuna," anatero. "Mwanayu akaponya kamphepo kake kaja, ndimaona kuti palibe kanthu. Anthu onsewa akumuyang'ana. Thupi limamumvera chisoni, limapita lokha."

Kenaka anati kusukulu aphunzitsi ankawamenya zenizeni tsiku ndi tsiku ndipo sanagwepo, chifukwa wogwa ankawonjezeredwa. Anaika bokosi pansi n'kunyamuka.

Anapita kwa Ka-long n'kumupempha, manja ali pamodzi, kuti awamenye zenizeni. Mayi Yau anayankha mwana asanatsegule pakamwa. Anati dzanja limenelo limaimba gitala, mwezi wamawa lili ndi madansi atatu, ndipo silinabwere kuno kudzagunda mafupa a nkhalamba. Ka-long anayang'ana pansi n'kuulula kuti chibadwire sanamenyepo munthu, ngakhale kusukulu. Amalume anati n'zosavuta, iwo amenyedwapo ndi anthu opusa kwambiri kuposa iye. Anazindikira mochedwa kuti mawuwo sanatuluke bwino, ndipo anayamba kupepesa.

A Dang ndi amene anathetsa nkhaniyo. Mkanjo unali utatsala pang'ono kukhala wawo, akanatha kungokhala chete. M'malo mwake anauza mayi Yau kuti munthu wa foni akuwafuna kugalimoto, kumene kunali kutali ndithu, ndipo atangochoka anamukokera mnyamatayo pambali. Anamuonetsa kufumbata chibakera, chala chachikulu kunja osati m'kati, anabwereza kawiri. Kenaka anamuuza mokweza kuti mdala uyu m'mawa amauza anyamata a magetsi kuti kuimba kwake kuli ngati mphaka wopanikizika pachitseko.

"Bodza limenelo," anatero amalume, nkhope itasintha. "Sek-lam, ine sindinanyozepo ngwazi chiyambire."

"Ananenanso za mafuta a kumaso aja, koma zimenezo sindibwereza, pali mtsikana pano," anatero a Dang akuloza ine.

Mawu a mphaka aja ndinawadziwa. Ndi a amayi, amawanena Ka-long akamaimba pawailesi, ndipo amalume ayenera kuti anakawasimba kwa mnzawo. Makutu a Ka-long anafiira. Dzuwa linali litakhudza kale mitengo ya pamwamba pa phiri.

Amalume anaima pamalo pawo, opanda thabwa. Ka-long anathamanga, ulendo uno osakuwa. Phokoso lake silinali ngati la m'mafilimu. Linali laling'ono ndi loipa, ngati munthu wagwetsa kabichi pasimenti. Amalume sanasunthe. Nkhope yawo inachita mbuu ngati mkanjowo, maso anatuluka pang'ono, koma mapazi anali pomwepo. Kamera inayandikira pang'onopang'ono panjanji yake. Ndinawerenga mumtima mpaka sikisi, ndikuopa kuti mawu aja athawa. Kenaka anatuluka, opanda mpweya, otsika kwambiri, osafanana ndi mtundu uliwonse umene anayeserera kunyumba.

"Wamaliza? Tiyi akuzizira."

Ka-long anali atagwira dzanja lake, misozi ikutsika, pakamwa pali yasa. Chala chachikulu anachiika m'kati. A Ngai anasiya kamera ikuyendabe nthawi yaitali asanaimitse, ndipo atatero anati misozi ya mnyamatayo ndi luso limene sankadziwa kuti ali nalo. Anati zatheka, sabwerezanso. Amalume anafunsa ngati tsopano akuloledwa kukhala pansi.

Kuchipatala anapeza nthiti imodzi yothetheka kwa amalume ndi chala chothyoka kwa Ka-long. Mayi Yau anatipeza pakhonde tikudikira mankhwala. Sanakalipe. Anati madansi aimitsidwa, atolankhani amva kale, ndipo mawa dziko lonse lidziwa kuti woimba wawo, ngwazi ya filimu ya nkhonya, wathyoka chala pomenya gogo wa zaka makumi asanu ndi limodzi mphambu zitatu amene sanaphethire n'komwe. Anati nkhani ikatuluka choncho, iwo aonetsetsa kuti chigawo chonsecho chadulidwa, a Ngai afune asafune, chifukwa opereka ndalama za filimuyo anabwera chifukwa cha nkhope ya Ka-long osati ya wina aliyense. Anatifunira kuchira msanga n'kumapita.

Kunyumba amayi anaphika phala la mpunga la nsomba, anamvetsera nkhani yonse kwa ine, n'kunena kuti munthu waima kamodzi kokha m'moyo wake ndipo wagwetsa filimu yathunthu. Amalume anadya pang'ono atakhala chowongoka chifukwa cha bandeji. Chimene ankabwereza n'chakuti amuchititsa manyazi mwana waulemu, amene anawatcha agogo. Za chigawo chawo sanatchule, koma ndinawaona akupinda kapepala ka mawu awo aja n'kukaika m'thumba la malaya.

M'mawa mwake anandidzutsa kusanayere bwino. Anagogoda kwa aneba athu, agogo a Lui, n'kubwereka ndodo yawo yoyendera. Pamsika anasankha malalanje asanu ndi atatu, limodzilimodzi, akukangana ndi wogulitsa ngati munthu wabwinobwino. Tinakwera basi ya ku Ho Man Tin kumene Ka-long amakhala, ndipo masitepe a basiyo anawakwera osagwira chitsulo.

Titakhota pakona n'kuona atolankhani ataunjikana pageti, amalume anandipatsa malalanje. Msana unapindika. Mwendo wamanzere unayamba kukwakwaza pansi. Anandigwira paphewa ndi kulemera kwawo konse, n'kumapuma ngati mvukuto wobooka. Pofika pageti makamera onse anali atatembenukira kwa ife.

Anawauza kuti iwo ndi amene anamenyedwa dzulo. Anati amenyedwapo ndi ngwazi zonse za m'tauni muno kuyambira 1971, zina zili m'manda zina zili ku Amereka, koma nkhonya ngati ya mnyamata uyu sanailawepo. Anati sanagwe chifukwa miyendo inauma ndi mantha. Chala kuthyoka n'zosadabwitsa, mphamvu yoteroyo fupa la munthu silingaisunge. Tinachoka kunyumba ndi nthiti imodzi yothetheka, koma pageti paja zinali zitakwana zitatu, zothyokeratu. Mtolankhani wina anandifunsa ngati n'zoona. Ndinayang'ana malalanje.

Mayi Yau anali atatuluka, ataima kuseri kwa geti manja atapinda, akumvetsera. Amalume atamaliza, anatsegula geti, anabwera n'kulandira malalanjewo m'manja mwanga. Anawagwira amalume pachigongono mosamala, n'kutembenuka kuti onse awiri ayang'ane makamera.

"Bambo Kwong ndi munthu wodzichepetsa," anatero. "Adokotala anati zinayi. Mudzazionera nokha filimu ikatuluka, chigawo chimenecho sitichikhudza."

Amalume anaganiza pang'ono, anadzigwira m'mbali ngati akuziwerenga, n'kuvomera kuti zinayi.